Woyimba akavala jezi, timu n'kugonja: tsoka la anthu otchuka mu mpira limachokera kuti?

Pa 15 Epulo 2019, timu ya AS Roma ya ku Italy inalengeza pa Twitter kuti osewera ake onse aletsedwa kujambulitsa ndi Drake mpaka ligi ithe. Zinali zocheza chabe, koma okonda mpira sanafune wowamasulira. Dzulo lake Paris Saint-Germain inali itaswedwa 5-1 ndi Lille, patangopita masiku owerengeka wosewera wake wakumbuyo, Layvin Kurzawa, atajambulitsa ndi woyimba wa ku Canada ameneyu. Mpaka lero, mpikisano waukulu ukafika pothana, nkhaniyi imadzuka: uje asabwere ku bwalo, uje asavale jezi yathu, uje atseke pakamwa asalosere. Ena amanena akuseka, ena nkhope ili gwa.

Amene satsatira mpira kwambiri amadabwa nazo. Munthu amene sanaukhudze n'komwe mpirawo, wangokhala pampando wa alendo olemekezeka, angagonjetse bwanji anyamata 11 amene akhala akukonzekera kwa miyezi? Nanga bwanji ngakhale atsogoleri a mayiko amaopa kutchedwa atsoka? Nkhaniyi imasokoneza chifukwa muli zinthu zingapo zomwe anthu amaziponya m'thumba limodzi.

Temberero ndi minyama n'zosiyana

Temberero limakhala ndi mwini wake: munthu amene anakwiya n'kulankhula mawu ofunira ena zoipa. Lotchuka kwambiri mu mpira ndi la Béla Guttmann, mphunzitsi wa ku Hungary amene anatengetsa Benfica ya ku Portugal chikho cha European Cup kawiri motsatizana, mu 1961 ndi 1962. Nkhani imati atapempha kuti amuwonjezere malipiro akuluakulu a timu anakana, ndipo iye pochoka anati Benfica sidzatenganso chikho cha ku Ulaya kwa zaka 100. Olemba mbiri ena amakayika ngati analankhuladi mawu amenewa. Chosakayikitsa n'chakuti kuchokera pamenepo timu yaikulu ya Benfica yafika mu fainolo za ku Ulaya ka 8 ndipo yagonja monsemo. Mu 1990 fainolo inali ku Vienna, komwe kuli manda a Guttmann, ndipo Eusébio, katswiri wakale wa Benfica, anapita kukapemphera pamandapo. Benfica inagonjabe 1-0 kwa AC Milan.

Zomwe amanenera anthu otchuka si zimenezi. Wotchukayo safunira timu zoipa. Amaikonda, wavala jezi yake, akuchemerera ndi mtima wonse. Mlandu wake ndi wakuti ali ndi minyama, ndipo minyamayo imamatira chilichonse chomwe wayandikira. Sanalakwe kanthu, choncho alibenso chopepesa. Chomwe ochemerera amafuna n'chakuti atalikire basi.

Palinso otchuka amene amayesedwa amwayi. Mu 2011 Mohamed Al-Fayed, mwini wa Fulham panthawiyo, anaimika chiboliboli cha Michael Jackson pa bwalo la Craven Cottage, ngakhale woyimbayo sanali wodziwika ndi za mpira. Shahid Khan atagula timuyo anachichotsa mu 2013, ndipo chaka chotsatira Fulham inatuluka mu Premier League. Al-Fayed ananena poyera kuti timu yatsika chifukwa chibolibolicho chinachoka ndi mwayi wake. Ena anamukumbutsa kuti timu yomwe yagoletsetsa zigoli 85 ndiponso kukhala ndi aphunzitsi atatu m'chaka chimodzi sisowa chifukwa china chotsikira.

Mick Jagger ndi phazi lozizira

Nkhani ya woyimba wa gulu la Rolling Stones inakula pa World Cup ya 2010 ku South Africa. Anakhala ndi Bill Clinton ku Rustenburg kuchemerera United States, ndipo Ghana inapambana 2-1. Mawa lake anali ku Bloemfontein kuonera dziko lake, England, likukunthidwa 4-1 ndi Germany. Kenako anasamukira ku Brazil, dziko la mayi wa mwana wake Lucas, ndipo Brazil inatulutsidwa ndi Netherlands 2-1 mu ndime ya matimu 8. Pasanathe sabata, matimu atatu anali atapakira. Anthu a ku Brazil anamupatsa dzina lomwe amapatsa munthu wa minyama, pé frio, phazi lozizira.

Mu 2014 sanafunikenso kufika pa bwalo. Akuyimba ku Lisbon anauza anthu kuti Portugal itenga chikho, koma Portugal inathera mu ndime ya m'magulu. Ku Rome anati Italy igonjetsa Uruguay, ndipo Italy inagonja 1-0 n'kubwerera kwawo. Ochemerera a Brazil anayamba kubwera ku bwalo ndi zithunzi zikuluzikulu za Jagger atamuveka jezi ya adani awo, kuti minyamayo igwere kumeneko. Pa 8 Julayi, ku Belo Horizonte, Jagger weniweniyo anali m'bwalo ndi mwana wake pomwe Germany inkaswa Brazil 7-1. Nyuzipepala zinalemba kuti iye anayankha moseka kuti chigoli choyamba angachivomere, koma zisanu ndi chimodzi zinazo ayi. Mu 2018 anaonekanso ku Moscow pomwe England inagonja 2-1 kwa Croatia mu ndime ya matimu anayi.

Mndandanda wake ndi wochititsa kaso, ndipo n'zomveka kuti umamveka kukoma pocheza. Koma masewero onsewa ali ndi nkhani zawozawo. Tsiku la 7-1 lija, Brazil inalowa m'bwalo popanda Neymar, amene anathyoka fupa la msana pa masewero a Colombia, komanso popanda kaputeni Thiago Silva, amene anali pa chilango cha makadi. Germany inagoletsa zigoli 5 m'mphindi 29 zoyambirira, ndipo patatha masiku asanu inatenga chikho. England nayo sinatengeko World Cup kuchokera mu 1966, Jagger akhalepo kaya asakhalepo.

Drake, mwezi umodzi wa zithunzi

Za Drake zinayambira m'masewero ena. Anali pa bwalo mu 2015 pomwe katswiri wa tenisi Serena Williams anagonja mosayembekezereka kwa Roberta Vinci pa US Open, ndipo mu 2018 anaima ndi katswiri wa masewero omenyana Conor McGregor atanyamula mbendera ya Ireland, McGregor n'kukagonja kwa Khabib Nurmagomedov. Mu mpira wamiyendo zinafika mu Malichi ndi Epulo 2019. Paul Pogba anajambulitsa naye, Manchester United n'kutulutsidwa ndi Wolves mu FA Cup. Jadon Sancho anajambulitsa, Borussia Dortmund n'kudya 5-0 kwa Bayern Munich. Pierre-Emerick Aubameyang anatsatira, Arsenal n'kugonja 1-0 kwa Everton. Sergio Agüero anaphonya penate pomwe Manchester City inagonja 1-0 kwa Tottenham mu Champions League. Kurzawa ndi 5-1 uja ndiye anatsekera.

Chifukwa chake zonsezi zinaunjikana mwezi umodzi si chobisika. Drake anali paulendo woyimba ku Ulaya, ndipo osewera ambirimbiri a matimu akuluakulu ankapita kumadansi ake n'kujambulitsa naye. Zithunzi zikachuluka chonchi, ndipo matimu akusewera kawiri pa sabata, sipangalephere kupezeka ena ogonja. Chomwe sichitchulidwa kawirikawiri ndi momwe chakacho chinathera. Agüero ndi City anatenga Premier League, FA Cup ndi League Cup. PSG inatenga ligi ya France patangotha sabata chiswedwere ndi Lille. Roma, yomwe inadzitchinjiriza ija, inathera pa nambala 6 n'kuphonya Champions League. Ndipo mu Juni chaka chomwecho Toronto Raptors, timu ya basketball yomwe Drake ndi kazembe wake kuyambira 2013 ndipo amakhala m'mbali mwenimweni mwa bwalo lake, inatenga chikho cha NBA koyamba m'mbiri yake.

Nkhaniyi sinafe, inangosintha maonekedwe. Mu Okutobala 2022 Barcelona inavala jezi yokhala ndi kadzidzi, chizindikiro cha kampani ya Drake, ndipo inagonja 3-1 kwa Real Madrid. Pa fainolo ya World Cup ku Qatar, iye anabetcha madola 1 miliyoni kuti Argentina ipambana m'mphindi 90. Mphindizo zinatha ndi 2-2, ndalama zake zinapita, koma Argentina inatenga chikho pa mapenate. Kodi pamenepa minyama inagwira ntchito kapena ayi? Ambiri anati inagwira, chifukwa iye analuza. Argentina ikanagonja akanatinso inagwira. Lamulo lomwe limapambana mbali zonse ziwiri ndi lovuta kuliyesa.

Argentina, komwe nkhaniyi si yosekera

Mayiko ambiri ali ndi zikhulupiriro za mpira, koma ku Argentina zili ndi mayina ndi malamulo ake. Munthu wa minyama amatchedwa mufa. Kachitidwe komwe munthu amabwereza kuti timu ipambane, monga kukhala pampando womwewo, kuvala malaya omwewo osachapa, kapena kuonera ndi anthu omwewo, amakatcha cábala. Ndipo kunena kuti "tapambana kale" masewero asanathe ndi mlandu waukulu.

Wotchuka amene dzina la mufa linamumatira kwambiri ndi Carlos Menem, pulezidenti wa dzikolo kuyambira 1989 mpaka 1999. Pa 8 Juni 1990, pa World Cup, anali pa bwalo la San Siro ku Milan pomwe Argentina ya Maradona, yomwe inali ndi chikho m'manja, inagonja 1-0 kwa Cameroon, chikhalirecho Cameroon inamaliza ndi osewera 9. Mbiriyi inamukakamira moti anthu ena ankapewa kutchula dzina lake, n'kumati Méndez. Mu 2022 Mauricio Macri, pulezidenti wakale, analandira mawu omwewo ataonera Argentina ikugonja 2-1 kwa Saudi Arabia. Fainolo itafika, pulezidenti wa nthawiyo, Alberto Fernández, sanapite ku Qatar. Analemba kuti aonera kunyumba ngati anthu ena onse, ndipo anawonjezera kuti cábala ndi cábala. Emmanuel Macron wa France ndiye anapita, n'kukaonera timu yake ikugonja. Okhulupirira anagwedeza mutu. Koma Macron yemweyo analinso ku Moscow mu 2018 pomwe France inatenga chikho.

Ku Argentina komweko n'komwe kunachokera nzeru yosandutsa minyama kukhala chida. Nkhani imati mu 1982, Carlos Bilardo ali mphunzitsi wa Estudiantes, panali wochemerera wina wotchedwa Kiricocho amene akafika pa zokonzekera, wosewera ankavulala. Bilardo sanamuthamangitse, koma anamupatsa ntchito yolandira matimu obwera kudzasewera nawo, ndipo Estudiantes inatenga ligi. Kaya zinayendadi ndendende choncho kaya anthu anathirako mchere, dzinalo linayenda dziko lonse. Osewera amalifuula mdani akamamenya penate. Giorgio Chiellini wa Italy anavomera kuti analifuula pomwe Bukayo Saka ankamenya penate yomaliza pa fainolo ya Euro ku Wembley mu Julayi 2021, yomwe Gianluigi Donnarumma anaigwira.

N'chifukwa chiyani zimamera bwino mu mpira?

Pa nthawi ya nkhondo yoyamba ya dziko lonse, katswiri wa chikhalidwe cha anthu Bronisław Malinowski anakhala pa zilumba za Trobriand, zomwe lero zili m'dziko la Papua New Guinea. Anaona kuti asodzi akamawedza m'madzi odekha a pafupi ndi gombe, momwe nsomba n'zosasowa ndipo ngozi ndi yochepa, sankachita miyambo ya matsenga. Akamapita panyanja yaikulu, pomwe munthu sadziwa ngati abwerako ndi nsomba kapena ngati abwerako n'komwe, miyambo inkachuluka. Mfundo yake inali yakuti zikhulupiriro zotere zimakula pomwe chinthu chili chofunika kwambiri koma luso palokha silingatsimikize zotsatira.

Mpira wamiyendo uli panyanja yaikuluyo. Zigoli zake n'zochepa: pa World Cup ya 2022 zinalowa 172 m'masewero 64, kutanthauza zosakwana zitatu pa masewero aliwonse. Zigoli zikachepa chonchi, mpira umodzi womenya chitsulo kapena chiganizo chimodzi cha woyimbira chimatembenuza zonse. Tsiku lomwe Jagger anaonera England ku Bloemfontein, mpira wa Frank Lampard unadutsa mzere bwinobwino pomwe zinali 2-1, koma woyimbira sanauone. Ofufuza ena ku America, atasanthula masewero oposa 300,000 mu 2006, anapeza kuti mu ligi ya mpira ya ku England timu yooneka yofooka inkapambana pafupifupi ka 45 pa 100, kuposa mu basketball kapena mpira wa chi America.

Wosewera naye ali ndi nkhawa, koma ali ndi miyendo yochitira kanthu. Wochemerera alibe. Mtima ukugunda, thukuta lili kamukamu, koma palibe chomwe angasinthe. Katswiri wa maganizo a anthu Ellen Langer anaonetsa mu 1975 kuti anthu amadziona ngati ali ndi mphamvu pa zinthu zongochitika mwamwayi, makamaka akapatsidwa kanthu kochita, monga kudzisankhira okha tikiti ya lotale. Kuletsa woyimba kubwera ku bwalo ndi kanthu kochita. Katswiri wina, B. F. Skinner, mu 1948, anaika nkhunda zanjala m'mabokosi momwe chakudya chinkagwa pa masekondi 15 aliwonse, mosatengera zomwe mbalamezo zikuchita. Zambiri zinayamba kubwereza zomwe zinkachita pomwe chakudya chinagwa, ina kuzungulira, ina kugwedeza mutu. Ofufuza a pambuyo pake anatsutsa momwe Skinner anamasulira zimenezi, koma chithunzicho chinatsala chifukwa aliyense amene anavalapo jezi "yamwayi" amachizindikira.

Zomwe mutu umasunga ndi zomwe umataya

Munthu akavulala chala chakuphazi amadandaula kuti chilichonse chikungomugunda pabala pomwepo. Zoona zake n'zakuti chalacho chimagundidwa tsiku ndi tsiku, koma chikakhala chabwinobwino mwini wake samva n'komwe. Akatswiri a maganizo, kuyambira pa kafukufuku wa Peter Wason mu 1960, aonetsa kuti munthu akakhala ndi ganizo m'mutu amafunafuna zolitsimikizira, osati zolitsutsa.

Kuti tidziwe ngati munthu wina amabweretsadi tsoka, pafunika kuwerenga magulu anayi a masewero: omwe analipo timu n'kugonja, omwe analipo timu n'kupambana, omwe sanalipo timu n'kugonja, ndi omwe sanalipo timu n'kupambana. Nkhani ya minyama imangowerenga gulu loyamba. Kim Kardashian, mayi wotchuka pa kanema ku America, ndi chitsanzo chabwino. Mu Malichi 2023 anapita pa bwalo la Emirates ndi mwana wake, Arsenal n'kutulutsidwa ndi Sporting pa mapenate mu Europa League. Patatha masiku atatu anali ku Paris, PSG n'kugonja 2-0 kwa Rennes pakhomo. Masamba a mchezo anawira. Mu Julayi chaka chomwecho anali m'bwalo pomwe Lionel Messi anasewera koyamba mu Inter Miami n'kugoletsa chigoli chopambanitsa kumapeto kwenikweni. Palibe amene analemba kuti mayiyu wabweretsa mwayi.

Pelé anakumana ndi zomwezi pa maulosi ake. Anthu amakumbukira kuti anatchula Colombia kuti ingatenge World Cup ya 1994, koma inathera m'magulu, ndiponso kuti anati dziko la mu Africa litenga chikhochi chaka cha 2000 chisanafike. Romário, katswiri wina wa ku Brazil, anafika ponena kuti Pelé akakhala chete ndi mlakatuli. Koma Pelé ankafunsidwa maganizo ake pafupifupi mpikisano uliwonse kwa zaka makumi angapo. Munthu wofunsidwa kochuluka chonchi, pa masewero osalosereka chonchi, sangalephere kusiya mulu wa zophonya.

Wokwera pamwamba amatsikako

Pali chinthu china cha masamu chomwe chimaoneka ngati tsoka koma si tsoka. Francis Galton anachifotokoza mu 1886 poyeza misinkhu ya makolo ndi ana awo. Makolo aatali kwambiri ankabereka ana aatali ndithu, koma kawirikawiri osafika pa makolowo. Chilichonse chomwe chili ndi mbali ya luso ndi mbali ya mwayi chimatero: chikafika pamwamba penipeni, ndiye kuti luso ndi mwayi zakumana, ndipo ulendo wotsatira luso limatsala koma mwayi sulonjeza kubweranso.

N'chifukwa chake ku England amati mphunzitsi akalandira mphoto ya mphunzitsi wa mwezi, masewero otsatira amagonja. Mphotoyo amailandira atapambana motsatizana kuposa momwe timu yake imachitira nthawi zonse, ndiye kubwerera mwakale kumaoneka ngati kugwa. Ku America magazini ya Sports Illustrated yakhala ikunenedwa kuyambira 1954 kuti wosewera akaikidwa pachikuto chake zimamuipira. Mu 2002 magaziniyo inadzifufuza yokha, n'kuika mphaka wakuda pachikuto, ndipo inapeza kuti pa zikuto zoposa 2,400, pafupifupi 37 pa 100 zinatsatiridwa ndi vuto linalake. Chiwerengerochi chimamveka chachikulu mpaka mutadzifunsa kuti ndi osewera angati, oikidwa pachikuto kapena ayi, amene amavulala kapena kutsika m'masabata angapo alionse. Michael Jordan anaikidwapo pafupifupi ka 50 ndipo anatenga zikho 6 za NBA.

Anthu otchuka amalowa m'nkhaniyi pa khomo lomweli. Woyimba wamkulu sapita kukaonera masewero a pakati pa sabata olimbana ndi timu ya kumunsi kwa ligi. Amafika timu ikakhala pachimake, pa ndime ya matimu anayi kapena pa fainolo, pomwe mdani ndi wamphamvu kuposa onse omwe yakumana nawo ndipo imodzi iyenera kutuluka basi. Pa World Cup ya matimu 32, matimu 31 ankabwerera opanda chikho, ndipo kuyambira 2026 matimu ndi 48. Aliyense wochemerera timu iliyonse, wotchuka kapena ayi, amamaliza mipikisano yambiri ali wogonja. Kusiyana kwake n'kwakuti kamera imafunafuna nkhope ya Jagger, osati ya munthu wamba amene wakhala kumbuyo kwake. Paja mutu ukakula sulewa nkhonya.

Kodi chikhulupiriro pachokha chingasinthe masewero?

Apa ndi pomwe okhulupirira ali ndi poimira. Ngakhale minyama itakhala kuti kulibe, wosewera amene akukhulupirira kuti ilipo akhoza kunjenjemera pomenya penate. Mu 2010 ofufuza a pa yunivesite ya Cologne anapatsa ophunzira mpira wa gofu, ena n'kuwauza kuti ndi wamwayi. Ouzidwawo analowetsa pafupifupi 6 pa 10, enawo pafupifupi 5. Nkhaniyi inafalikira kwambiri. Koma anthu oyesedwawo anali 28 okha, ndipo ofufuza ena atabwereza ndi anthu ambiri mu 2014 sanapeze kusiyana. Choncho umboni ulipo wa mbali zonse, ndipo wa mbali yotsutsa ndi wolemererapo.

Pali njira inanso yosafuna matsenga. Wosewera amene wachezera kudansi masiku awiri masewero asanachitike akhoza kutopa, ndipo kubwera kwa mlendo wotchuka kumachulukitsa atolankhani ndi phokoso. Zimenezi n'zotheka, koma zikatero vuto ndi tulo ndi mwambo wa timu, osati munthu amene ali pachithunzi.

Opindula ndi opwetekeka

Kwa Drake, mbiri ya minyama yasanduka malonda. Mu Meyi 2019, Raptors ikulimbana ndi Philadelphia 76ers pa masewero othana, anadzionetsa atavala kabudula wa 76ers kuti tsoka ligwere iwowo, ndipo Raptors inapambana. Anachita mgwirizano ndi kampani yobetcha ya Stake, ndipo akaonetsa tikiti yake ya kubetcha pa Instagram, nyuzipepala zimalemba, anthu n'kumatsutsana ngati abetche motsutsana naye. Mu Julayi 2024 anaika madola 300,000 pa Canada kuti igonjetsa Argentina mu Copa América. Canada inagonja 2-0, zomwe sizinadabwitse aliyense poti inkasewera ndi akatswiri a dziko lonse, koma dzina la kampaniyo linamveka paliponse. Matimu nawo apeza kuti nthabwala ngati ya Roma ija imayenda kutali kuposa chilengezo cha masewero.

Si onse amene amatuluka akuseka. Spain itagonja 1-0 kwa Switzerland pa masewero ake oyamba a World Cup ya 2010, mlandu unagwera Sara Carbonero, mtolankhani wa pa kanema amene anali bwenzi la goloboyi Iker Casillas. Ankati anaima pafupi ndi golo n'kumusokoneza. Mayiyo anali pantchito yake. Spain inatenga chikho ku Johannesburg, Casillas atagoletsetsa zigoli ziwiri zokha mpikisano wonse. Mu kiriketi, wochita mafilimu Anushka Sharma ananyozedwa koopsa mu 2015 India itatuluka mu World Cup, chifukwa anali m'bwalo pomwe bwenzi lake, wosewera Virat Kohli, analephera. Mu mpira wa chi America, woyimba Jessica Simpson anakumana nazo mu 2007 chifukwa cha bwenzi lake, Tony Romo wa Dallas Cowboys. Kaonedwe kanga n'kakuti pali kusiyana koonekeratu: mwamuna wotchuka akatchedwa watsoka zimathera m'nthabwala ndi zithunzi zoseketsa, pomwe mkazi, makamaka bwenzi la wosewera, zimafika pa kutukwanidwa.

Mafunso omwe akadali poyera

Loyamba ndi la malire. Chithunzi chikajambulidwa lero, minyama yake imatha liti: masewero otsatira, mwezi, kapena chaka chonse? Ikugwira timu, wosewera mmodzi, kapena ndalama za wobetchayo? Okhulupirira sanagwirizanepo pa zimenezi, ndipo popanda kugwirizana palibe chiwerengero chomwe chingawakhutiritse iwo kapena otsutsa.

Lachiwiri ndi la osewera eni ake. Kale nkhani zotere zinkathera m'mabwalo ndi m'nyuzipepala, koma lero wosewera amaziwerenga pafoni yake usiku woti mawa kuli masewero, anthu zikwizikwi akumuuza kuti wadzitengera tsoka. Anthony Joshua anajambulitsa ndi Drake mu 2019 n'kulemba kuti athetsa tembererolo, kenako anagonja kwa Andy Ruiz Jr. pa nkhonya zomwe pafupifupi aliyense ankati apambana. Kodi kudziwa kuti dziko lonse likudikira kugwa kwako kumalemeretsa miyendo, kapena akatswiri a msinkhu umenewu anazolowera kale phokoso?

Lachitatu ndi lakuti ndi angati amene amakhulupiriradi. Munthu akhoza kunena kuti ndi zocheza, koma n'kukana kusuntha pampando wake mpaka masewero athe. Pulezidenti amene watsala kunyumba, kodi akuopa minyama, kapena akuopa ovota amene adzamuloze chala timu ikagonja?

Ndipo pali funso la udindo. Makampani obetcha akamapindula ndi mbiri yakuti munthu wina ndi watsoka, anthu n'kumaika ndalama zawo potsatira mbiriyo, kodi imeneyi ikadali nthabwala ya ochemerera kapena ndi kutsatsa malonda komwe kuyenera kutsatira malamulo? Nanga timu kapena nyuzipepala ikayambitsa nthabwala yoloza munthu mmodzi, gulu n'kuitenga kukafika nayo pa kuopseza, ndani ayenera kuyankhapo?